Mlandu Suola

Ndagwira ntchito m'boma zaka zoposa 20, ndipo mawu amene ndawamva kawirikawiri m'maofesi ndi akuti, "Ine ndangotumidwa." Mawu onga amenewa anamvekanso m'bwalo la milandu mumzinda wa Frankfurt, ku West Germany, kumene pa 20 Disembala 1963 anthu 22 anayamba kuzengedwa mlandu pa zomwe anachita ku Auschwitz. Kumsasa umenewu chipani cha Nazi chinapha anthu pafupifupi 1.1 miliyoni, ambiri mwa iwo Ayuda.

Amene anaumirira kuti mlanduwu uzengedwe anali Fritz Bauer, mkulu woimira boma pa milandu m'chigawo cha Hesse. Bauer anali Myuda yemwe anathawira ku Denmark ndi Sweden, nabwerera kwawo mu 1949. Anapeza oweruza ambiri a nthawi ya Hitler akadali pamipando, anthu nawo atatanganidwa ndi kumanganso dziko, osafuna zokumba zakale. N'chifukwa chake mu 1957, atamva kuti Adolf Eichmann akubisala ku Argentina, anatsina khutu boma la Israel poopa kuti akauza akwawo, munthuyo achenjezedwa.

Opulumuka ku Auschwitz oposa 200 anadzaperekera umboni pamaso pa anthu omwe anawazunza. Mu Ogasiti 1965 khoti linapeza anthu 17 olakwa, koma 6 okha ndiwo anagamulidwa kukhala m'ndende moyo wonse. Robert Mulka, yemwe anali wothandizira mkulu wa msasawo, anamulamula zaka 14 basi. Bauer ankati msasa wonsewo unali mlandu umodzi, kotero aliyense wogwira ntchito mmenemo anali ndi mbali yake. Oweruza anakana, nafuna umboni wa zomwe munthu aliyense anachita payekha.

Bauer anamwalira mu 1968 maganizo akewo asanavomerezedwe. Koma paja akuluakulu anati mlandu suola. Mu 2015 khoti la ku Lüneburg linagamula Oskar Gröning, nkhalamba ya zaka 94, kukhala m'ndende zaka 4. Ntchito yake yaikulu ku Auschwitz inali kuwerenga ndalama zolandidwa kwa anthu obwera kudzaphedwa.

Nkhani ya Gröning imandisowetsa mtendere chifukwa ntchito yake ikufanana ndi yanga: tebulo, cholembera ndi kaundula. Tsiku lililonse ndimasaina makalata ochokera kwa mabwana anga. Chiwerengereni mbiriyi, ndimayamba ndaliwerenga kalatalo mpaka kumapeto, n'kudzifunsa kuti likachoka patebulo panga likamugwera ndani.