Nyanja yopuma ya kumunsi kwa Shire

Chaka ndi chaka, mitambo ikayamba kuundana pamwamba pa mapiri a Thyolo, kumamveka mawu m'misika ya Nchalo, Bangula ndi Nsanje akuti madzi a Shire ali ndi moyo, ali ndi makutu ndi mkwiyo womwe, ndipo kuti masiku ano alusa chifukwa mbadwo uno waleka kuthira nsembe monga ankachitira makolo. Mawuwa sitiyenera kuwapeputsa, pakuti aliyense amene anaonapo dambo la Dabanyi, limene Azungu analitcha Elephant Marsh, likufufuma m'dzinja kufikira kusanduka nyanja yosaoneka tsidya, n'kuphwanso m'chilimwe, sangakane kuti limapuma ngati chamoyo. Koma mbiri yake ikutiuza kuti kupumako n'kwakalekale, ndipo chimene chasintha ndi ntchito za manja athu.

Amang'anja amasimba kuti Mbona, mwini mvula, ataphedwa ku Ndione, mwazi wake unayenda ngati mtsinje, ndipo mutu wake unaikidwa ku Khulubvi, kumene kachisi wake alipo kufikira lero m'boma la Nsanje. Anthu a masiku amenewo ankabzala mapira ku mphala, natsikira kudimba ndi chimanga madzi akaphwa, osalimbana ndi mtsinje pa nyengo yake. David Livingstone atakwera Shire m'chaka cha 1859, anapeza dambolo lodzala njovu pafupifupi 800.

Kuyambira cha m'ma 1915, nyanja ya Malawi inatsika kotero kuti mchenga ndi bango zinatseka pamene Shire amatulukira, ndipo kwa zaka ngati 20 mtsinjewo unkangoyenda ndi madzi a timitsinje tothiramo. Madambo a Dabanyi ndi Ndindi anauma, nthaka yake yakuda inaitana makasu, thonje linachuluka, ndipo Asena ambiri othawa nkhanza za ulamuliro wa Apwitikizi anadzamanga midzi pamene kale pankasambira mvuu. Koma akuluakulu anati madzi saiwala khwawa: nyanja itadzazanso, inagumula mchengawo chapakati pa zaka za m'ma 1930, minda inamira, ulimi wa thonje unagwa, ndipo mu 1948 chigumula chinakokolola mlatho wa njanji pa Chiromo. Chipata cha madzi chimene chinamangidwa pa Liwonde mu 1965 chimalamula madzi ochokera kunyanja okha, pakuti Lisungwi, Mkulumadzi, Mwanza ndi Ruo amathira mu Shire kumunsi kwake, popanda wowaletsa.

Zimenezi zinaonekera poyera mu Januwale 2015. Mvula itagwa masiku otsatizana pa mapiri a Mulanje ndi Thyolo, Ruo anatsika ndi mphamvu yoopsa, atasenza matope, miyala ndi mitengo yozuka. Ndipo popeza njira yake yakale inali itadzala mchenga, anaisiya nadzikumbira ina pakati pa midzi ndi minda ya m'dera la Mfumu Yaikulu Mlolo. Pofika pamathiriro anatchinga Shire, amene posowa kolowera anabwerera m'mbuyo nadzaza Dabanyi, mpaka dambo, mtsinje ndi midzi zinakhala nyanja imodzi. Dera la Makhanga, kwa Mlolo komweko, linasanduka chilumba chofikika pa bwato ndi helikoputala basi. Amayi anachezera m'mitengo ana ali kumbuyo, ena pa zulu, ena pa madenga, akuona ng'ombe ndi nkhokwe zawo zikupita. Ndipo opulumuka anakaunjikana m'masukulu ndi m'misasa ya ku Bangula kwa miyezi. Pa 13 Januwale boma linalengeza kuti maboma 15 agweredwa tsoka, ndipo powerenga dziko lonse, anthu pafupifupi 230,000 anasowa pokhala, 106 anafa, ndipo 172 sanaonekenso.

Ine ndikuti mlandu uli kumtunda koposa kuchigwa. Mapiri amene kale ankamwa mvula pang'onopang'ono tinawameta ndi nkhwangwa za makala, tinalima m'matsitso ndi m'magombe momwe, ndipo dothi lonselo limatsikira m'mitsinje n'kuikwirira, kotero kuti madzi amene kale ankayenda masiku angapo tsopano amafika usiku umodzi. Iwo amene amanyoza anthu a kuchigwa kuti amakana kusamuka chifukwa chokonda thandizo laulere, sanalimepo ku mphala chaka cha ng'amba. Munthu amakakamira dimba chifukwa ndimo muli chimanga cha m'chilimwe, mbatata, milamba, ndi nyika zimene zimapulumutsa ana m'chaka cha njala.

Mu 2017 Dabanyi analembedwa m'kaundula wa madambo ofunika pa dziko lonse pansi pa pangano la Ramsar, koma madzi anabweranso mu 2019, mu 2022 ndi namondwe Ana amene anaononga malo opangira magetsi pa Kapichira, ndiponso mu 2023 ndi namondwe Freddy. Inu okhala kumtunda, amene makala anu aphikira amachokera m'mapiri othira madzi ku Shire, bzalani mitengo m'magombe a mitsinje yanu mvula ino isanathe, pakuti nkhwangwa ikalira kwanu, amamira ndi a kuchigwa, a kwa Mlolo ndi kwa Mfumu Nyachikadza.