SCIPIO, KAZEMBE WA ROMA AMENE ANAGONJETSA HANNIBAL

Kale, zaka zoposa 2,200 zapitazo, panali mizinda iwiri yolimbirana Nyanja ya Mediterranean. Wina unali Roma, m'dziko la Italy; unzace unali Carthage, mzinda wa amalonda ndi zombo, ku gombe la kumpoto kwa Africa, kumene lero kuli Tunisia. Mizinda imeneyi inamenyana nkhondo zazikuru zitatu, ndipo amene anatha yaciwiriyo ndiye Publius Cornelius Scipio, wobadwa ca m'ma 236 B.C. Omvera akumbukire kuti zaka za Kristu asanabadwe ziwerengedwa cotsika: 218 ndiyo iyamba, 202 idza pambuyo.

M'caka ca 218 Hannibal, kazembe wa Carthage, anacokera ku Spain nakwera mapiri a Alps pamodzi ndi asilikari ace ndi njobvu, natsikira m'Italy. Pa mtsinje wa Ticinus anakomana ndi atate wace wa Scipio, amene anatsogolera Aroma. Mkuluyo anabvulala, adani namzinga. Ndipo olemba mbiri akale anena kuti mwana wace, mnyamata wosafika zaka 20, ndiye anathamangitsa kavalo namlanditsa. Patapita zaka ziwiri, ku Cannae, Hannibal anazinga khamu lonse la Aroma, nafa anthu ngati 50,000 tsiku limodzi. Scipio anali mmodzi wa opulumuka. Iye anaona ndi maso ace kuti Aroma sanagonje cifukwa ca mantha, koma cifukwa anangodziwa kukankha kutsogolo, pamene Hannibal anadziwa kutembenuza magulu ace ndi kugwira mdani m'nthiti ndi kumbuyo. Phunziro limeneli sanaliiwale.

M'caka ca 211 atate wace ndi mbale wao Gnaeus anaphedwa pa nkhondo ku Spain. Caka cotsatira anthu a Roma anasankha Scipio akalowe m'malo mwao, ali ndi zaka ngati 25, asanakhalepo pa mpando uli wonse wa olamula nkhondo. Atafika sanathamangire magulu atatu a adani amene anali balala m'dzikomo. Anayang'ana New Carthage, mzinda umene lero uchedwa Cartagena, cifukwa momwemo munali zida, cakudya, ndi anthu a cikole otengedwa ku mafuko a Spain. Ndiponso pafupi pace panali migodi ya siliva. Siliva ameneyu ndiye analipira asilikari aganyu a Carthage. Ukulu wa migodiyo udziwika ndi mau a Polybius, wolemba mbiri, amene anati m'masiku ace anthu 40,000 anagwira nchito kumeneko. Ndiye kuti nkhondo ya Hannibal inalimba ndi thukuta la anthu okumba pansi, amene maina ao sanalembedwe m'buku liri lonse.

Mzindawo unali ndi linga lalitari, ndi thamanda lalikuru kumpoto kwace. Akuru amati safunsa anadya phula. Scipio anafunsa asodzi, ndipo iwo anamuuza kuti madzi a thamandalo amaphwa madzulo. Cotero m'caka ca 209, pamene alonda onse analikumenyana pa cipata, amuna 500 anaoloka thamandalo atasenza makwerero, nakwera linga posoweka wowaletsa. Mzinda unagwa tsiku lomwelo. Anthu a cikole aja anawabwezera kwao, ndipo mafumu ambiri a Spain anasiya Carthage nadza kwa iye.

Ku Ilipa, m'caka ca 206, anaonetsa kuti anatola nzeru za Hannibal. Masiku angapo anandandika asilikari ace mofanana, Aroma pakati, Aspanya m'mbali, kufikira adani anazolowera. Tsiku la nkhondo anadyetsa anthu ace kusanace, nasintha mndandanda, naika Aroma m'mbali. Adani anaturuka msanga osadya kanthu, naima pa dzuwa ndi njala, ndipo mbali zao zonse ziwiri zinasweka. Ulamuliro wa Carthage ku Spain unathera pomwepo.

Atabwerera ku Roma anasankhidwa kukhala consul wa caka ca 205, ndiye mmodzi wa akuru awiri olamulira dziko caka cimodzi. Anapempha Bwalo la Akuru kuti atengere nkhondo ku Africa, poganiza kuti Hannibal sadzakhala m'Italy nyumba yace irikupsya. Nkhalamba Fabius Maximus inatsutsa kolimba, niti nkupusa kusiya mdani pakhomo. Anamlola monyinyirika, nampatsa cisumbu ca Sicily, kumene kunali asilikari opulumuka ku Cannae, otayidwa kumeneko monga cilango. Anthu onyozedwa amenewa ndiwo anawaphunzitsa naoloka nao nyanja m'caka ca 204.

Ku Africa anapeza bwenzi, Masinissa, mwana wa mfumu ya ku Numidia, dziko limene lero liri mbali ya Algeria. Anthu ace anali akatswiri okwera akavalo. M'caka ca 203 Scipio anacita ngati afuna mtendere, natuma amithenga kukazonda misasa ya adani, imene inali ya mitengo ndi bango. Ndipo usiku wina anaitentha anthu ali m'tulo. Imeneyi inali nchito ya cinyengo, ndipo mbiri siibisa. Carthage anaopa, naitana Hannibal, amene anakhala m'Italy zaka 15.

Akazembe awiriwo anakomana ku Zama m'caka ca 202. Hannibal anaika njobvu 80 patsogolo. Scipio anasiya mipata pakati pa magulu ace, nalamula kuomba malipenga. Njobvu zina zinabwerera ndi mantha, zina zinangopyola m'mipatamo. Oyenda pansi anamenyana nthawi yaitari osadziwika wopambana, kufikira apakavalo a Masinissa ndi a Laelius anabwera nagwira Hannibal kumbuyo, monga iye mwini anacitira Aroma ku Cannae. Pakadapanda Anumidia, tsikulo likadatha mwina. Pa mtendere wa caka ca 201 Carthage anapereka njobvu zace ndi zombo za nkhondo, kupatula khumi, nalonjeza matalente 10,000 a siliva pa zaka 50, ndi kusacita nkhondo popanda cilolezo ca Roma. Scipio sanapasule mzindawo, ndipo sanafune mutu wa Hannibal. Aroma anamucha Africanus, ndiko kuti wogonjetsa Africa.

Koma ulemu wotere ubala nsanje. M'caka ca 190 anatsagana ndi mbale wace Lucius kukamenyana ndi mfumu Antiochus ku Asia Minor. Atabwera, Cato ndi anzace anafunsa za matalente 500 amene mfumuyo inapereka. Scipio anatenga buku la ndarama naling'amba pamaso pa Bwalo la Akuru, poona kuti sikuyenera kufunsa munthu amene anadzetsera dziko cuma cambiri cotere. Pamenepa pali mlandu wobvuta. Adani ace anali ndi kaduka ndithu. Komabe lamulo la Roma linati wogwira ndarama za anthu azifotokoze, ngakhale akhale wamkuru cotani. Anthu anamkonda, koma anaopanso munthu wokula koposa lamulo.

Anacoka ku Roma mtima uli wowawa, nakakhala pa munda wace ku Liternum, kumene anamwalira ca m'ma 183. Kumveka kuti anakana kukaikidwa ku Roma. Pa nyengo yomweyo Hannibal anamwa mankhwala akupha ku Bithynia, kuti angagwidwe ndi Aroma. Onse awiri anafera kutari ndi mizinda imene anaimenyera nkhondo. Ndipo Carthage, umene Scipio anausiya uli ciriri, unapasulidwa m'caka ca 146 ndi Scipio Aemilianus, mdzukulu wace womlera m'banjamo.