Njinga ya a Trywell, patapita zaka zisanu

Pa 1 Malichi 2024 panakwana zaka zisanu chitulukire pa Netflix filimu ya The Boy Who Harnessed the Wind, imene Chiwetel Ejiofor anajambula ku Kasungu. Tsikuli linafika moipa: dzulo lake, pa 29 Febuluwale, Pulezidenti Hakainde Hichilema analengeza kuti chilala cha chaka chimenecho chinali tsoka la dziko lonse la Zambia. Ku Rufunsa chimanga chinkauma chisanabereke.

Ambiri amakumbukira makina amphepo amene William Kamkwamba anapanga ku Wimbe. Ine ndimakumbukira bambo ake, a Trywell, akukana kupereka njinga yawo kuti mwana aiduledule popanga makinawo. Woonera ali ku London angati mkuluyu ndi wouma mutu. Kafunseni munthu wa ku Chinyunyu kapena ku Mpanshya, ku Rufunsa komweko, amene amakankha matumba a makala mpaka ku Great East Road, ngati angalole kuti njinga yake ilawe sowo chifukwa cha buku la ku laibulale. Njingayo ndiyo imapita ku chigayo, ndiyo imanyamula wodwala, ndipo zikavutitsitsa ndiyo yomaliza kugulitsa.

Njala ya 2001 ndi 2002 Ejiofor sanaikometse. Banja likukhala pansi n'kugwirizana zodya kamodzi pa tsiku. William akumuthamangitsa kusukulu chifukwa cha fizi. Mlongo wake Annie akuthawa ndi mphunzitsi kuti pa mbale pachepe dzanja limodzi, ndipo mayi Agnes akutsala ndi mkwiyo wosowa pouthira. Ngakhale mitengo anthu akuigulitsa kwa a fodya akudziwa bwino kuti madzi adzawakokolola, monga momwe wootcha makala amadziwira chimene akuchita ku nkhalango, koma ana akufuna nsima lero.

Chichewa cha osewera ena chimagwa m'khutu ngati cha mlendo, zimenezo tisabise. Maxwell Simba ndi wa ku Kenya, Aïssa Maïga wa ku France. Komabe banja losauka linakangana m'chinenero chathu dziko lonse likumva.

Ku Zambia fizi ya m'sukulu za boma inathetsedwa mu 2022, choncho William wa ku Rufunsa sangabwezedwe pa geti. Chimene chikanamutulutsa m'kalasi mu 2024 ndi ganyu, poti nkhokwe inalibe kanthu ndipo mvula yodzalira inali kutali, mwina Novembala.