Kukwezedwa kwa aphunzitsi a boma ku Malawi ndi mikangano yake

Kukwezedwa pantchito ndi kuchotsa mphunzitsi pa giredi yomwe ali n'kumuika pa giredi yapamwamba, yamalipiro ochuluka ndi udindo wokulirapo. M'sukulu za boma ku Malawi, nkhaniyi imabala madandaulo ambiri, ndipo ochuluka amachokera pa funso limodzi: kodi zaka zomwe munthu wagwira ntchito zimamupatsa ufulu wokwezedwa?

Mphunzitsi wa pulayimale akamaliza maphunziro ku koleji amayambira giredi L, yomwe ambiri akuitchabe PT4. Pamwamba pake pali K, J ndi I, zomwe kale zinkatchedwa PT3, PT2 ndi PT1. Ku sekondale, wa dipuloma amayambira J ndipo wa digiri amayambira I. Makwererowa ndi otakata pansi koma opapatiza pamwamba, chifukwa munthu sakwera pokhapokha pamwambapo patapezeka malo ovomerezeka ndi ndalama zake. Vutoli linakula kuchokera mu 1994, pamene boma linathetsa fizi ku pulayimale n'kulemba aphunzitsi pafupifupi 20,000 nthawi imodzi. Khamu lonselo linaloŵera khomo limodzi, pomwe mipando yapamwamba sinachuluke mofanana.

Malamulo amayankha funso lija momveka. Public Service Act ya 1994 imati kuloŵa ndi kukwera m'ntchito za boma kuzitengera luso ndi kuyenerera kwa munthu, pampikisano wapoyera ndi wachilungamo. Choncho ukale pantchito ungapatse munthu mwayi wopempha malo kapena woitanidwa ku intavyu, koma paokha si chikole. Bungwe la Teaching Service Commission ndilo lakhala likuyendetsa za kulemba, kukweza ndi kulanga aphunzitsi, ngakhale kuti mphamvu zitapita kumakhonsolo, Local Government Service Commission nayo ili ndi gawo pa aphunzitsi a pulayimale.

Kusukulu zimaoneka mwina. Pali mayi amene wakhala pa PT4 zaka 20, waphunzitsa Sitandade 1 pansi pa mtengo, ana oposa 100 atakhala pafumbi, ndipo lero akulamulidwa ndi mnyamata amene iye yemwe anamugwira dzanja pomuphunzitsa kulemba "a". Mnyamatayo sanabe kanthu: anapita kuyunivesite, anabwera ndi digiri, anayankha bwino mafunso. Koma mayiyo akamati wakalambira pa giredi imodzi, sakunena za ulemu wokha. Penshoni imatsata malipiro, ndiye amene apuma pa zaka 60 ali pansi pomwepo amapita ndi umphawiwo kumudzi. Apa m'pamene dongosolo limalakwira anthu, ngakhale palibe lamulo lomwe laphwanyidwa.

Mikangano ina ndi yooneka ndi maso. Wina amagwirizira udindo wa mphunzitsi wamkulu zaka zambiri, akusaina mabuku ndi kuyankha kwa mlangizi wa maphunziro a pulayimale (PEA), koma osatsimikiziridwa. Wina amalandira kalata yomukweza, malipiro osasintha, n'kuyamba kuyendera maariyazi kuofesi ya maphunziro paboma miyezi ndi miyezi. Wina amakwezedwa koma n'kuuzidwa kuti malowo ali kusukulu yakutali, ndipo akapanda kusamuka chifukwa chosoŵa thiransipoti kapena nyumba, kukwezedwako kumakhala pachiswe. Palinso kukweza kwa chikhamu: mu 2019, patatsala pang'ono chisankho cha mwezi wa Meyi, boma linalengeza kuti lakweza aphunzitsi oposa 20,000. Ambiri anapumira m'mwamba, koma otsala anafunsa muyeso womwe unagwiritsidwa ntchito, ndipo funsolo linali loyenera.

Chimene malamulo amateteza kwenikweni ndi kayendetsedwe ka nkhani. Malamulo aakulu a dziko a 1994, pa gawo 31, amapatsa wantchito aliyense ufulu wochitiridwa zachilungamo pantchito. Gawo 43 limati chigamulo cha ofesi ya boma chikhale chotsata malamulo ndi ndondomeko yoyenera, ndipo wokhudzidwa apatsidwe zifukwa zolembedwa. Gawo limeneli ndilo chida champhamvu cha mphunzitsi amene walandidwa giredi popanda kumumva mbali yake. Employment Act ya 2000, yomwe imakhudzanso antchito a boma kupatula asilikali, apolisi ndi oyang'anira ndende, imaletsa tsankho pa kukweza anthu, kaya la mtundu, chipembedzo, ndale, kulumala kapena kuti munthu ndi mkazi.

Wodandaula amayamba ndi kalata yodzera kwa mphunzitsi wamkulu ndi ofesi ya maphunziro. Zikakanika, angapite ku ofesi ya Ombudsman, komwe salipira kanthu, kapena ku Industrial Relations Court, bwalo lomva milandu ya apantchito. Angapemphenso High Court kuti iunike chigamulocho, koma pempholo liyenera kufika pasanathe miyezi itatu, ndipo ambiri amataya mwayi pomwepa akudikira yankho la kalata. Khoti likaunika, limayang'ana ngati njira inatsatidwa. Kusankha woyenera mpando limasiyira bungwe lolemba ntchito. N'chifukwa chake mlandu wa maariyazi kapena wolandidwa giredi umakhala ndi poimira polimba kuposa wongoti "ndinayamba ntchito ndine". Nkhani zokhudza khamu lonse, monga kuchepa kwa malo, zimathera pa zokambirana pakati pa boma ndi Teachers Union of Malawi, ndipo zikavuta aphunzitsi amanyanyala ntchito.