Anathamangitsa pulezidenti, kenako nawonso n'kunyamuka

Anzanga, mwina munamvapo za Mohamed Bouazizi. Anali mnyamata wa zaka 26, wogulitsa zipatso pangolo m'tauni ya Sidi Bouzid ku Tunisia. Pa 17 Disembala 2010, ogwira ntchito m'boma atamulanda katundu wake, anadziyatsa moto. Anthu anakhamukira m'misewu, ndipo pa 14 Januwale 2011 Pulezidenti Ben Ali, yemwe analamulira zaka 23, anathawira ku Saudi Arabia.

Mungaganize kuti achinyamata anakhala pansi kuti adyerere ufulu umene anaukhetsera magazi, eti? Ayi ndithu. Patangotha masabata ochepa, maboti a asodzi anayamba kunyamuka kumadoko ngati Zarzis, atadzaza anyamata thothotho, kulunjika ku Lampedusa, kachilumba ka dziko la Italy kokhala anthu pafupifupi 6,000 basi. Pofika mu Epulo, oposa 20,000 anali atafika kumeneko, ena akugona panja pamtunda woyang'anizana ndi doko.

Musafulumire kuwanena kuti anathawa nkhondo atapambana kale. Nthawi ya Ben Ali, kutuluka m'dziko mozemba unali mlandu wopita nawo kundende, ndipo apolisi ake ankalondera gombe mogwirizana ndi Italy. Iye atagwa, apolisi aja anabalalika, gombe n'kutsala pululu. Koma ulova sunathawe naye limodzi. Chipwirikiticho chinaopseza alendo odzaona malo, mahotela a ku Djerba ndi Zarzis anasowa makasitomala, ndipo ngakhale maganyu anavuta. Mnyamata wa digiri ankatha tsopano kutukwana boma poyera osamangidwa, koma m'thumba muli mbee. Ine sindimuweruza. Kwawoko anthu otere amawatcha harraga, kutanthauza "owotcha", poti ena amawotcha ziphaso zawo kuti asawabweze.

Maiko a ku Ulaya, omwe ankawaombera m'manja mu Januwale, anasintha nkhope. Pa 5 Epulo Italy inagwirizana ndi Tunisia zoti obwera kuyambira pamenepo azibwezedwa. Ofika kale anapatsidwa zilolezo za miyezi 6. Ambiri mtima unali ku France, komwe kunali abale awo komanso chilankhulo chomwe ankachidziwa. Pa 17 Epulo France inaimitsa sitima zochokera ku Ventimiglia, tauni ya m'malire, kuti asalowe.

Ndiye pali maboti omwe sanafike n'komwe. Kwa zaka zambiri, amayi a anyamatawo akhala akuima kunja kwa maofesi a boma ku Tunis atanyamula zithunzi za ana awo, kufunsa kuti ali kuti.