Orton Chirwa: Loya Woweruzidwa Popanda Loya

Mbiri ya Eklezia imadziŵa bwino dzina la Daniel O'Connell, loya wa ku Ireland amene anasankhidwa kukhala phungu m'chaka cha 1828, naumiriza boma la Britain kuti m'chaka cha 1829 lilole Akatolika kuloŵa m'Nyumba ya Malamulo. Ifenso m'Malaŵi tinali naye loya wotere, koma mathero ake anali ena. Tiyenera kuwasinkhasinkha, ife amene tikukonzekera kuŵeta nkhosa za Ambuye.

Orton Edgar Ching'oli Chirwa anabadwa m'chaka cha 1919 m'boma la Nkhata Bay. Anaphunzira ku Fort Hare m'dziko la South Africa, nagwirako ntchito yauphunzitsi, kenaka anapita ku London kukaphunzira malamulo ku Lincoln's Inn. M'chaka cha 1958 anakhala Mmalaŵi woyamba kulandira uloya wotere. Atabwera kwawo anapeza dziko lili pamoto chifukwa cha chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland. Pa 3 March 1959 boma la atsamunda linaletsa Nyasaland African Congress, ndipo Dr Banda anatsekeredwa ku Gwelo. Chirwa nayenso anamangidwa kwa miyezi ingapo. Atatuluka anayambitsa Malaŵi Congress Party mu September 1959, nakhala mtsogoleri wake woyamba. Koma Dr Banda atamasulidwa mu April 1960, iye anamsiyira mpandowo.

Pa chisankho cha 1961 analoŵa m'Nyumba ya Malamulo ku Zomba, ndipo dziko litalandira ufulu pa 6 July 1964 anali Nduna ya Zachilungamo. Ulemererowo sunakhalitse. Mu September chaka chomwecho nduna zinasemphana ndi Dr Banda, ndipo Chirwa anachotsedwa pamodzi ndi Kanyama Chiume ndi Augustine Bwanausi. Anathaŵira ku Tanzania, nakhala kunja kwa dziko zaka 17, monganso mkazi wake Vera, yemwenso anaphunzira malamulo.

Tsiku loti maŵa lake ndi Khirisimasi, pa 24 December 1981, onse aŵiri anagwidwa kumalire a Zambia. Iwo ananena kuti anachita kubedwa m'dziko la eni. Anaimbidwa mlandu woukira boma, osati ku khoti lalikulu, koma ku bwalo la mafumu la chigawo cha kummwera, mtundu wa mabwalo amene anapatsidwa mphamvu zoweruza milandu ikuluikulu kuyambira cha m'ma 1970. M'mabwalowa woimbidwa mlandu sankaloledwa kukhala ndi loya. Motero munthu amene anaimirirapo ena ambiri anasoŵa womuimirira. Mu May 1983 anaŵagamula kuti aphedwe. Mipingo ndi maiko akunja atadandaula, mu 1984 chilangocho chinasinthidwa kukhala ukaidi wa moyo wonse.

Kodi Mpingo unali kuti zaka zonsezo? Tivomere: ambiri tinakhala chete, pakuti mantha anali ponseponse, kuyambira m'tauni mpaka m'midzi ya kuno ku Milonde. Koma pa 8 March 1992 kalata ya Lenti ya Maepiskopi athu inaŵerengedwa m'matchalitchi onse, ndipo mwa zina inadzudzula kutsekera anthu popanda kuŵazenga mlandu mwachilungamo. Maepiskopi anaopsezedwa, ndipo Monsinyo John Roche wa ku Mzuzu anathamangitsidwa m'dziko. Mu September chaka chomwecho maloya ochokera ku Britain analoledwa kuona Chirwa m'ndende ya Zomba. Pomwepo anaonana ndi mkazi wake patatha zaka 8 ali osiyana. Maso ndi makutu ake zinali zitafooka. Anamwalira m'ndendemo pa 20 October 1992, ali ndi zaka 73. Mai Vera anamasulidwa mu January 1993, ndipo pa 14 June Amalaŵi anasankha ndale za zipani zambiri.

Chirwa sanali Mkatolika, ndiponso sitikuti anali wopanda chilema. Iye yemwe anathandiza kumanga chipani chimene pambuyo pake chinam'meza. Phunziro lagona pomwepa. Lamulo likaleka kuteteza munthu mmodzi wodedwa, sililinso chitetezo kwa wina aliyense, ngakhale kwa amene analilemba. Wansembe amene adzayendera akaidi, kapena kumva dandaulo la mai wamasiye wolandidwa munda, akumbukire kuti kalata ya Maepiskopi inafika Chirwa atakhala kale m'ndende zaka 10.