Henry Shefflin, mfumu ya hurling yochokera m'mudzi wa Ballyhale

Ballyhale ndi kamudzi ka alimi kum'mwera kwa boma la Kilkenny, m'dziko la Ireland. Woyenda pa galimoto amangoona tchalitchi, sukulu, nyumba zondondozana m'mbali mwa msewu ndi ng'ombe m'madambo, posakhalitsa wadutsa. Koma m'kamudzi kameneka ndi momwe munakulira Henry Shefflin, wobadwa pa 11 January 1979, munthu yekhayo amene wapambanapo kakhumi chikho chachikulu cha masewero a hurling, chotchedwa All-Ireland. Kwawoko amangomutchula kuti King Henry, ndipo palibe amafunsa kuti Henry wake uti.

Hurling ndi masewero akalekale a anthu a ku Ireland. Timu iliyonse imakhala ndi osewera 15, aliyense atagwira ndodo yosema yophwatalala kumapeto. Kampira kake, komwe amakatcha sliotar, nkolimba ndipo kamakwana m'chikhatho. Wosewera amaloledwa kukawakha m'malere, kuyenda nako m'manja mapazi anayi okha, kapena kuthamanga atakakhazika pansonga pa ndodo, kenako nkukamenya kuti kauluke ndi liwiro loposa makilomita 100 pa ola. Magolo ake ali ndi mitengo iwiri italiitali ndi mtanda pakati. Mpira ukadutsa pamwamba pa mtandawo, ndi pointi imodzi. Ukalowa mu ukonde, ndi chigoli cholemera mapointi atatu. Nchifukwa chake zotsatira amazilemba pawiri: 2-22 ndiye kuti zigoli ziwiri ndi mapointi 22, zonse pamodzi 28.

Kuti mbiri ya Shefflin imveke, pafunika kudziwa mmene bungwe la Gaelic Athletic Association, lomwe linakhazikitsidwa m'tauni ya Thurles mu 1884, limayendetsera masewerowa. Osewera salandira malipiro ndipo sagulitsidwa. Mwana amayambira pa kalabu ya parishi yakwawo, akaonetsa luso amatengedwa mu timu ya boma lake, koma kalabu ija saisiya. Munthu yemweyo amene Lamulungu wasewera pamaso pa anthu oposa 80,000 ku Croke Park mumzinda wa Dublin, Lolemba amalawirira ku ntchito, ndipo pakapita masabata angapo umamupeza pa bwalo lamatope akulimbana ndi mudzi woyandikana nawo. Shefflin ankagwira ntchito ku banki. Moyo wake wa masewero unayenda m'njira ziwirizi nthawi imodzi, ndipo ambiri akamaufotokoza amaiwala njira ya kumudziyo, chonsecho ndi imene inamuumba.

Kalabu ya Ballyhale Shamrocks inabadwa mu 1972, matimu ang'onoang'ono a m'parishimo ataphatikizana. Henry ali wakhanda, kalabuyi inali itayamba kale kuopsa, makamaka chifukwa cha abale a banja la Fennelly, ndipo inatenga chikho cha makalabu a dziko lonse mu 1981, 1984 ndi 1990. Makolo ake anali ndi bawo m'mudzimo, kotero mnyamatayu anakula akumva akuluakulu akutsutsana za hurling madzulo aliwonse. Kuseri kwa nyumbayo kunali chipinda cha masewero a squash, momwe ankamenyetsa mpira kukhoma kwa maola ambiri, kudzanja lamanja ndi lamanzere, mpaka mikono inazolowera.

Komabe sanali mwana wodabwitsa amene dziko lonse linkamuyembekezera. Anapambana chikho cha masukulu ndi St Kieran's College mu 1996, koma ndi timu ya boma ya achinyamata osapitirira zaka 18 sanatenge All-Ireland. Nayo kalabu yake inali itatsika. Pamene iye ankalowa mu timu ya akulu, Ballyhale inali mu ligi yachiwiri ya m'bomamo, ndipo anathandiza kuibwezera pamwamba mu 1997. Anakhwimira ku Waterford Institute of Technology, komwe anatenga chikho cha makoleji cha Fitzgibbon mu 1999 ndi 2000.

Chaka cha 1999 ndi chomwe chinamukumanitsa ndi Brian Cody, mphunzitsi wa sukulu ya pulayimale amene anali atangopatsidwa timu ya Kilkenny. Anthu awiriwa anayenda limodzi zaka 16. Chaka choyambacho anafika mu fainali, nkugonja kwa Cork ndi pointi imodzi yokha, 0-13 kwa 0-12, tsiku la mvula. Chaka chotsatira anabwerera nkukhoma Offaly zigoli zisanu, Shefflin natenga mendulo yake yoyamba ali ndi zaka 21. Nthawi imeneyo nyenyezi ya timuyi anali D.J. Carey. Koma Galway itawatulutsa mu semifainali ya 2001, Cody anasintha timu, nkuyamba kuimanga mozungulira mnyamata wamtali watsitsi lofiira wa ku Ballyhale uja. Zikho za 2002 ndi 2003 zinabwera motsatizana.

Kodi luso lake linali pati? Panali osewera othamanga kuposa iye, panalinso ena a manja ofewa kuposa ake. Chimene Shefflin anali nacho ndi diso ndi mutu. Ankadziwa pomwe mpira ugwere usanagwe, ankawakha pakati pa ndodo zitatu zikuwombana pamwamba pa mutu wake, ndipo akaona mnzake ali pabwino ankapereka mosanyinyirika. Mipira ya fawulo ankamenya ndi iye, ndipo timu yochimwira Kilkenny pakati pa bwalo inkadziwiratu kuti yapereka pointi. Cody ankamusuntha malo onse asanu ndi limodzi akutsogolo, kumuika pomwe adani afooka. Chinanso, chimene ine ndimachiona chachikulu koposa, nchakuti mpira ukalandidwa ankathamangitsa wotchinga kumbuyo ngati mnyamata wofuna malo mu timu. Katswiri akamagwira ntchito yotere, anzake alibe podzikhululukira.

Cork inawatsekereza mu 2004, ndipo chaka chomwecho Shefflin anavulala diso ndi ndodo pa masewero olimbana ndi Clare, mpaka anakamusoka kuchipatala. Mu 2005 Galway inawatulutsanso. Kenako kunabwera nyengo imene Ireland sanaiwale. Mu 2006 Kilkenny inaletsa Cork kutenga chikho kachitatu motsatizana, ndipo patangopita masabata ochepa Ballyhale Shamrocks inakhala akatswiri a boma la Kilkenny koyamba kuchokera mu 1991. Pa 17 March 2007, tsiku la Patrick Woyera, inagonjetsa Loughrea ku Croke Park nkukhala akatswiri a makalabu onse.

Apa njira ziwiri zija zinalukana mooneka. Ku Kilkenny mwambo unali wakuti kalabu imene yapambana m'bomamo ndiyo imasankha kaputeni wa timu ya boma. Ballyhale inapambana zaka zinayi zotsatizana, 2006 mpaka 2009, ndiye ukaputeni unayenda m'manja mwa ana a parishi imodzi: Shefflin mu 2007, James Fitzpatrick mu 2008, Michael Fennelly mu 2009 ndi T.J. Reid mu 2010. Mu fainali ya 2007 yolimbana ndi Limerick, Shefflin anagoletsa chigoli mphindi khumi zoyambirira zisanathe, koma mtsempha wa mkati mwa bondo unaduka ndipo chigawo chachiwiri anachionera panja. Chikho cha All-Ireland, chomwe amachitchanso cha Liam MacCarthy, anakachinyamula akutsimphina. Anachitidwa opareshoni, nkubwerera mu 2008, chaka chimene Kilkenny inasambitsa Waterford 3-30 kwa 1-13.

Fainali ya 2009 inali ina. Tipperary, mdani wakale wa malire amodzi, inasewera bwino kuposa Kilkenny kwa nthawi yaitali, ndipo inkatsogola ngakhale wosewera wake mmodzi anali atapatsidwa khadi lofiira. Kutatsala mphindi zisanu ndi ziwiri, Richie Power anagwetsedwa ndipo woyimbira analoza penate, chigamulo chimene anthu a ku Tipperary amachidandaula mpaka lero. Masiku amenewo pa penate pankaima anthu atatu pamzere wa golo, pakati pawo goloboyi Brendan Cummins. Shefflin ananyamula mpira ndi ndodo, nkuumenya mwamphamvu, ukonde gwedegwede. Mphindi yotsatira Martin Comerford anaonjezera china. Zinatha 2-22 kwa 0-23, ndipo Kilkenny inafanana ndi Cork ya 1941 mpaka 1944 potenga chikho kanayi motsatizana.

Kutenga kasanu motsatizana palibe anali atachitapo, ndiye 2010 yonse nkhani inali imeneyo. Chakacho chinayamba bwino, Ballyhale itagonjetsa Portumna ya Joe Canning mu fainali ya makalabu. Koma mu August, pa semifainali yolimbana ndi Cork, bondo linalo linaduka mtsempha. Kuvulala kotere kumagoneka munthu miyezi yambiri, pomwe fainali inali itatsala masabata anayi okha. Shefflin anapita ku Limerick kwa katswiri wowongola minofu Gerard Hartmann, nkumalimbitsa minofu yozungulira bondolo tsiku ndi tsiku kuti igwire ntchito ya mtsempha wodukawo. Tsiku limene anabwerera kokonzekera pa bwalo la Nowlan Park, anthu masauzande anakhamukirako kudzangoona ngati akuthamanga. Cody anamuyambitsa mu fainali. Kunkagwa mvula, udzu unali woterera, ndipo pasanathe mphindi 15 bondo linakana. Anatuluka bwalo lonse likuwomba m'manja, a Tipperary omwe. Lar Corbett anagoletsa zigoli zitatu, Tipperary nipambana 4-17 kwa 1-18.

Anthu amatsutsanabe ngati kunali koyenera kumuseweretsa. Ine ndimaona kuti mtima unaposa nzeru tsiku limenelo, kwa wosewera ndi kwa mphunzitsi yemwe. Koma sindingamuweruze mwankhanza munthu amene sankatetezera malipiro kapena kontirakiti, koma ankangofuna kuima ndi anzake pa tsiku lomwe silikanabweranso.

Ali ndi zaka 32, mawondo onse awiri atang'ambidwapo, anabwerera mu 2011 nkubwezera Tipperary. Mendulo yachisanu ndi chitatu imeneyi inamufananitsa ndi Christy Ring wa ku Cork ndi John Doyle wa ku Tipperary, mayina amene kwa zaka pafupifupi 50 ankaoneka osafikirika.

Masewero amene amaonetsa bwino Shefflin ndi fainali ya 2012. Galway inali itawachititsa manyazi mu fainali ya chigawo cha Leinster, ndipo ku Croke Park inayambanso mwaukali, Canning atagoletsa chigoli msanga. Kilkenny inapita kopuma ikutsalira ndi mapointi asanu. M'chigawo chachiwiri Shefflin anasunthira pakati pa osewera akutsogolo nkuyamba kukoka timu yonse, kuwakha mipira yam'mwamba, kupeza mafawulo, kumenya yekha. Anatha tsikulo ndi mapointi 12 mwa 19 a timu yake. Kutatsala mphindi zochepa, matimu ali ofanana, Kilkenny inapatsidwa penate. Aliyense anakumbukira 2009. Koma iye anaukweza dala mpirawo pamwamba pa mtanda, kusankha pointi yotsimikizika m'malo mwa chigoli chokayikitsa. Canning anabweza pointiyo m'nthawi yoonjezera, matimu nalepherana mphamvu, koyamba mu fainali kuchokera mu 1959. Ena anati Henry wachita mantha. Koma penate ija akanaigwira, Galway ikanatha kuthamangira mbali inayo nkutenga chikho ndi pointi imodzi. Atabwerezanso patapita masabata atatu, Kilkenny inapambana 3-22 kwa 3-11, ndipo Shefflin anasankhidwa kukhala wosewera wapamwamba wa chaka kachitatu, pambuyo pa 2002 ndi 2006.

Kuchokera apo thupi linayamba kulipiritsa ngongole. Phazi linamuvuta mu 2013, ndipo atabwerera anatulutsidwa ndi makadi awiri achikasu pa kotafainali yolimbana ndi Cork ku Thurles, chilango chimene pambuyo pake chinafafanizidwa. Mu 2014 Cody, munthu wosayang'ana nkhope posankha timu, anamukhazika pa benchi. Shefflin analowa chakumapeto pa fainali ziwiri zolimbana ndi Tipperary, yolepherana mphamvu ndi yobwereza, natenga mendulo yakhumi.

Sanalengeze zopuma nthawi yomweyo, chifukwa Ballyhale inali idakali mu mpikisano. Anasewera dzinja lonse la ku Ireland, m'matope ndi m'chisanu, pambali pa T.J. Reid ndi abale awiri Michael ndi Colin Fennelly, ana a m'badwo uja umene ankauonera ali mwana. Anatenga chikho cha boma kachisanu ndi chimodzi, kenako cha Leinster, ndipo pa 17 March 2015 anagonjetsa Kilmallock ya ku Limerick ku Croke Park. Chinali chikho chachitatu cha makalabu kwa iye. Patapita sabata anaitana atolankhani mumzinda wa Kilkenny nkunena kuti timu ya boma waisiya. Anachoka ndi zikho 13 za Leinster, mphoto 11 za All Star ndi mapointi oposa 560 mu mpikisano waukulu, chiwerengero chimene chinakhala pamwamba mpaka Joe Canning anachidutsa mu 2021.

Ntchito yake yoyamba yophunzitsa timu ya akulu inali ku Ballyhale komweko, ndipo anaitengera chikho cha makalabu a dziko lonse mu 2019 ndi 2020. Chakumapeto kwa 2021 anavomera kukaphunzitsa timu ya Galway, zomwe zinamuika maso ndi maso ndi Cody kawiri mu 2022, chaka chomaliza cha mkuluyo pa mpando wa Kilkenny. Galway inapambana masewero oyamba ndi pointi imodzi, Kilkenny nitenga fainali ya Leinster. Shefflin anakhala ku Galway nyengo zitatu, nafika mu semifainali ya All-Ireland kawiri, ndipo anatula pansi udindowo mu 2024.